Mlandu Suwola, Koma Mwana Akukula

Munthu amene mlandu wake wa banja wagonera ku khoti amalandira malangizo awiri otsutsana, ndipo onse awiri amachokera kwa anthu omufunira zabwino. Ena amati dekhani, za boma sathamangira, mukamavutitsa akalaliki mudzaipitsa mlandu wanu womwe. Ena amati mukangokhala phee fayilo yanu idzakwiririka pansi pa mafayilo anzake, ana adzakula chigamulo chisanatuluke, choncho pitani kawirikawiri, lembani kalata, akudziweni. Wouzidwayo amakhala atatopa kale. Wagulitsa nkhuku kuti apeze ya minibasi, walawirira m'mamawa, wakhala pa benchi mpaka dzuwa kupendeka, kenako wauzidwa kuti mnzake wa pa mlanduwo sanabwere, kapena bwana ali ku msonkhano, abwerenso mwezi wamawa. Akamabwerera kumudzi funso limakhala limodzi: ndikakamize kuti zithe msanga, kapena ndidikire?

Tisanayankhe ndi bwino kudziwa kumene kuchedwaku kumachokera, chifukwa si konse kumene kumabwera ndi ulesi kapena njiru. Mpaka 1994 milandu yambiri ya maukwati a mwambo inkazengedwa m'makhoti a chikhalidwe amene anali pafupi ndi anthu. Makhotiwo anaipa mbiri chifukwa boma la chipani chimodzi linkawagwiritsa ntchito pozenga adani ake, monga linachitira ndi Orton ndi Vera Chirwa, ndipo ataimitsidwa ambiri sanawalire. Koma katundu amene ankasenza anangogwera amajisitireti. Nyumba ya Malamulo inavomereza lamulo lokhazikitsa makhoti ang'onoang'ono a m'madera mu 2011, koma zaka zinadutsa makhotiwo osatsegulidwa. Ndiye majisitireti yemweyo amene akumva za ukwati wanu ndi amene akumvanso za wakuba njinga, za ndewu ya pa msika ndi za ngongole ya katapila. Milandu ya apolisi imayenera kutsogola, pakuti malamulo amati womangidwa aonekere ku khoti pasanathe maola 48, ndipo amene ali m'chitokosi sangauzidwe kuti adikire za chisudzulo chanu. M'makhoti ambiri umboni amaulemba ndi dzanja, mboni ikuyankhula majisitireti akulemba, ndiye tsiku limatha ndi mboni ziwiri kapena zitatu basi. Ogwira ntchito akanyanyala, monga zinachitikira kumayambiriro kwa 2012 pamene makhoti anatsekedwa kwa miyezi yoposa iwiri, masiku onse amene anaikidwa amagwa, ndipo mzere umayambanso.

Palinso msampha wina umene anthu ambiri amaudziwa atagweramo kale. Ukwati wa mwambo umatha pamaso pa majisitireti, koma mphamvu za majisitireti zili ndi malire. Katundu akakhala wa ndalama zambiri, kapena nkhani ikakhudza umwini wa malo okhala ndi mapepala, kugawana kumatumizidwa ku khoti lalikulu, limene maofesi ake ali ku Blantyre, Lilongwe, Mzuzu ndi Zomba. Kusintha kwa malamulo kwa 2016 kunabweretsa nthambi ya khoti lalikulu yoona za mabanja ndi chuma cha masiye, chomwe chinali chinthu chabwino, koma sikunafupikitse mtunda wochokera ku Nsanje kapena ku Chitipa. Mayi amene ukwati wake watha lero amapezeka kuti wangomaliza theka la ulendo, ndipo theka lotsalalo ndi lodula kuposa loyamba.

Amene amati fulumirani ali ndi mfundo zolemera, ndipo yolemera kuposa zonse ndi mwana. Akuluakulu amati mlandu suwola, ndipo nzoona pa ngongole ya mbuzi kapena malire a dimba. Koma mwana wa zaka zinayi amene makolo ake akhala zaka ziwiri ku khoti wathera theka la moyo wake ali pakati pa mkangano. Sukulu imatsegulira mu Seputembala kaya chigamulo chatuluka kaya ayi. Mtsikana wa Fomu 2 amene wabwezedwa kawiri chifukwa cha fizi sadzabwezeredwa chaka chimene wataya ngakhale bambo ake adzalamulidwe kulipira zonse pa tsiku lomaliza. Phala la mwana woyamwa silidikira tsiku la khoti. Gawo 23 la malamulo aakulu a dziko lino limati pa zonse zokhudza mwana, ubwino wa mwanayo ndiwo uyenera kutsogola, ndipo sindiona momwe tingawerengere mawu amenewo n'kumaganiza kuti nthawi siili m'kati mwake.

Kuchedwa kumaweruzanso mlandu mwakachetechete, woweruza asanatsegule pakamwa. Tiyerekeze kuti bambo watenga ana kupita nawo kwa amayi ake pa tchuthi ndipo sanawabweze. Mayi akusuma. Pakapita zaka ziwiri anawo azolowera kwa agogo, ali pa sukulu ya kumeneko, anzawo ndi a kumeneko. Woweruza wanzeru aliyense amazengereza kuzula mwana pamalo pamene wakhazikika, ndipo sitingamunene. Koma taonani chimene chachitika: amene anachita zamtopola pa chiyambi wapambana chifukwa cha kalendala. Zimachitikanso kwa abambo. Alipo ambiri amene akhala chaka osaona ana awo chifukwa akuchikazi anatseka pakhomo, ndipo podzafika tsiku la chigamulo mwana wamng'ono akuthawa bambo ake ngati mlendo. Nkhani ya kuchedwa si ya amayi okha, ngakhale kuti amayi ndi amene imawapweteka kawirikawiri chifukwa ndi amene amatsala ndi ana m'manja, m'thumba mulibe kanthu.

Katundu naye sakhala pamodzi kudikira jaji. Galimoto imagulitsidwa. Puloti imapezeka kuti inali ya achimwene kuyambira kale. Ng'ombe zimasamukira ku khola la amalume usiku umodzi. Pa chuma cha masiye zimafika poipa kwambiri: lamulo la chuma cha masiye la 2011 linati kulanda katundu wa mkazi wamasiye ndi ana ndi mlandu, koma mlandu wogawa chumacho ukamachedwa, malata amachoka pa denga limodzi ndi limodzi, ndipo chigamulo chimadzagawa zinthu zimene kulibenso. Ngakhale ndalama imene sinabedwe imafota ili pomwepo. Kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, ndipo inatsitsidwanso ndi 44 peresenti mu Novembala 2023. Mayi amene anapempha ndalama zosamalira ana kumayambiriro kwa 2022 n'kuzilandira patapita zaka ziwiri, analandira nambala imene anapempha koma osati chimanga, sopo ndi makope amene nambalayo inkaimira. Kumudzi kuli wotchi ina yosakambirana nayo, ndiyo mvula. Mkamwini amene akuchoka kapena mkazi wa chitengwa amene wabwezedwa kwawo amafuna kudziwa mu Okutobala kuti adzala munda uti. Akadzadziwa mu Febuluwale ndiye kuti chaka chimenecho ndi cha ganyu.

Chimene chimandikhudza kwambiri n'chakuti kuchedwa sikugwera onse mofanana. Amene ali pa ntchito ya mwezi, ali ndi loya, akukhala m'nyumba imene ikukanganiridwayo, kwa iye tsiku lililonse limene mlandu wasunthidwa ndi phindu. Loya wake akhoza kudwala lero, mawa kukhala ku khoti lina, mkuja kupempha nthawi yowerenga mapepala. Pempho lililonse palokha limamveka. Winayo ulendo uliwonse ukumudyera mpamba wa geni. Tsiku lina sabweranso, ndipo akafunsidwa amati ndangozisiya m'manja mwa Mulungu. M'mabuku a khoti mlandu wotero umalembedwa kuti wodandaula sanaonekere, fayilo n'kutsekedwa ngati kuti nkhani yatha. Pamenepa kudekha kumene timalangiza kumakhala kuthandiza wamphamvu kumaliza wofooka. Gawo 41 la malamulo aakulu limapatsa munthu aliyense ufulu wopita ku khoti ndi kulandira chithandizo chogwira ntchito. Chithandizo chimene munthu sangachifikire chifukwa wathedwa ndalama ya thiransipoti pa ulendo wachisanu ndi chiwiri n'chovuta kuchitcha chogwira ntchito.

Pa nkhanza za m'banja sindiona mbali yachiwiri ayi. Amene akumenyedwa ayenera kutetezedwa lero, ndipo lamulo loletsa nkhanza za m'banja la 2006 limalola khoti kupereka chitetezo chongoyembekezera ngakhale wochita nkhanzayo asanamvedwe. Amene amalangiza mayi wovulala kuti ayambe wadikira ankhoswe akusewera ndi moyo wa munthu.

Komabe amene amati dekhani si onse amantha kapena ogulidwa. Ali ndi zimene anaona. Choyamba n'chakuti chigamulo chothamangira sichikhalitsa. Khoti liyenera kumva mbali zonse ziwiri, ndipo limayamba ndi kutsimikiza kuti wodandaulidwa analandiradi samani. M'maboma ngati Mangochi ndi Mzimba, kumene amuna ambiri ali ku Joni, imeneyi si nkhani yaing'ono. Wodandaula akhoza kukakamiza kuti mlandu upitirire winayo palibe, n'kupambana msanga. Koma winayo akadzabwera n'kuonetsa kuti sanauzidwe, chigamulocho chikhoza kufafanizidwa, zonse n'kuyambiranso pachiyambi. Chimodzimodzi majisitireti akadumpha mboni yofunika chifukwa chomvera chisoni amene watopa: woluza amapanga apilo ku khoti lalikulu, ndipo miyezi itatu imene inapulumutsidwa imabwezedwa ndi zaka. Amene anakakamiza kuti zithe msanga ndi amene amadzadikira nthawi yaitali kuposa akanangolola kuti mboniyo imvedwe.

Chachiwiri ndi chimene anthu ofulumira saona bwino, chifukwa njala imaphimba maso. Njira yachidule kwambiri yothetsera mlandu wa banja ndi kugonja. Pamene mayi wanena mokweza kuti ine ndikungofuna zithe, wauza mbali inayo mtengo wake. Mawa lake kumabwera pepala: tengani ziwiya za kukhitchini, bedi ndi kandalama aka, sainani apa, tisamangovutikana. Nyumba imene anaumbira njerwa, kutungira madzi ndi kuphikira amisiri sili pa pepalapo. Gawo 24 la malamulo aakulu limati ukwati ukatha mkazi ali ndi ufulu wolandira gawo lachilungamo la katundu amene anali wa onse awiri, ndi chisamaliro choyenera poganizira kapezedwe ka mwamunayo ndi zosowa za ana. Koma kuonetsa khoti kuti nyumba inali ya onse awiri, pamene pepala lili ndi dzina la mwamuna yekha, kumafuna nthawi. Kumafuna kupeza mmisiri amene anamanga, mayi wa ku banki m'khonde amene akukumbukira ngongole ya malata, malisiti amene anatsala m'sutikesi kwa apongozi, munthu wodziwa kuwerengera mtengo wa nyumba. Apa nthawi ili kumbali ya wofooka. Amene akubisa chuma ndi amene amafuna kuti zithe mawa, winayo asanadziwe za puloti yachiwiri.

Pali mlandu wina umene unamveka m'dziko lonse mu 2020 umene umandithandiza kuona mbali zonse ziwiri nthawi imodzi. Khoti lalikulu linagamula kuti mkazi amene anasenza banja pamene mwamuna wake ankaphunzira mpaka kupeza digiri ayenera kulipidwa, pakuti maphunzirowo anapezeka ndi thukuta la onse awiri. Chigamulo chotere sichilembedwa masana amodzi. Chinafuna woweruza wokhala pansi n'kuganiza zimene ena anali asanaziganize, ndipo amayi ambiri amene sanapondeko ku khoti limenelo anapindula nacho. Koma nambala ya mlanduwo ndi ya 2012. Kuganiza mofatsa kumafuna miyezi, sikufuna zaka 8. Ndiye amene amateteza kuchedwa potchula ubwino wa kufatsa ayenera kuvomereza kuti kuchedwa kwambiri kumene timakuona si nthawi yoganizira. Ndi nthawi imene fayilo ili pa shelefu palibe amene akuiwerenga.

Chachitatu ndi mkwiyo. Miyezi yoyamba ukwati utasokonekera anthu amayankhula zimene sakanayankhula mtima uli pansi. Mwamuna amalumbira kuti ana onse atenga, ngakhale amachoka pakhomo m'bandakucha n'kubwera usiku. Mkazi amalumbira kuti bambo awo sadzawaonanso. Khoti likagamula sabata yomweyo likhala likusindikiza mkwiyo. Nchifukwa chake pa nkhani yoti ana akhale ndi ndani, kudikira kuti a ofesi yoona za chisamaliro cha anthu akayendere makomo onse awiri, aone pogona, afunse aphunzitsi, amve mwana amene wafika pomatha kunena maganizo ake, si kutaya nthawi. Ofesi imeneyi nthawi zambiri imakhala ndi anthu ochepa ndi mayendedwe ovuta, ndipo lipoti lake limachedwa. Komabe ndikanakhala ine mwanayo, ndikanasankha kuti munthu wina abwere adzaone kumene akufuna kunditumiza.

Za ankhoswe ndimazitenga mosamala. Nzoona kuti pa ukwati wa mwambo majisitireti amafuna kumva ngati ankhoswe anayesapo, ndipo nzoonanso kuti mabanja ena amene anafika pa khomo la khoti anabwerera kwawo limodzi ndipo alipo mpaka lero. Lamulo la maukwati la 2015 limafuna kuti khoti likhutire kuti ukwati wafikadi posakonzeka lisanauthetse. Mpata woyanjana ndi wabwino pamene onse awiri akuufuna. Koma pamene mmodzi ananena kale momveka kuti ine basi, kumubweza kwa ankhoswe kachitatu ndi kumulanga chabe. Ndipo tisaiwale kuti ankhoswe ena ali ndi zawo zimene akuteteza, monga kumene kuli lobola, kumene kutha kwa ukwati kumadzutsa nkhani yobweza ng'ombe zimene zinadyedwa kalekale.

Pali kufulumizitsa kwina kumene sindingakuike pa sikelo n'komwe. Munthu akafika potopa samasowa womunong'oneza kuti fayilo imayenda ndi kangachepe, kapena kuti akudziwa wina amene amadziwana ndi bwana. Ena mwa onong'onezawo sagwira n'komwe ntchito pa khoti, amangodya pa anthu othedwa nzeru. Kupereka ndi mlandu ngati kulandira, ndipo amene wapereka lero waphunzitsa wolandirayo kuti fayilo ikasowa pamatuluka ndalama, ndiye idzasowanso. Choopsa china n'chakuti pa mpikisano wa ziphuphu amapambana ndi wa thumba lalikulu, amene pa milandu yambiri ya mabanja si amene akufuna kuti zithe msanga. Kufuna kuonana ndi woweruza kumbali, mnzako palibe, ngakhale popanda ndalama, kumangopatsa mbali inayo chifukwa chopempha kuti mlandu usamutsidwire kwa woweruza wina, komwe ukayambirenso.

Funso limene limandivuta kwenikweni ndi la mzere. Tsiku limene khoti lakupatsani msanga lachotsedwa kwa munthu wina. Amene amatha kulemba kalata yabwino m'Chingerezi, amene ali ndi loya, amene amakhala pafupi ndi boma ndipo akhoza kudutsa pa khoti popita ku msika, ndi amene amamveka. Agogo a kutsidya kwa mtsinje amene akulera adzukulu amasiye, amene mlandu wawo ndi wakale kuposa wanu, alibe wowalembera. Ngati aliyense akuti wanga ndi wachangu, ndiye kuti palibe wachangu, ndipo dongosolo la woyamba kubwera ayambe kuthandizidwa, limene ndi chitetezo chokhacho cha osauka, limagwa. Sindinganene kuti chifukwa cha ichi munthu asapemphe. Palibe mayi amene angauzidwe kuti mwana wake agone ndi njala polemekeza mzere. Koma zikutanthauza kuti wopempha akhale ndi chifukwa chenicheni chimene angachinene pamaso pa agogo aja osachita manyazi, ndipo khoti lisamayese changu ndi kukula kwa mawu a wopempha.

Ndikaziyeza zonsezi, ndimaona kuti kulakwa kwathu ndi kutenga mlandu wa banja ngati chinthu chimodzi chimene chiyenera kuthamanga chonse kapena kudikira chonse. M'fayilo imodzi mumakhala zinthu zimene sizingadikire ndi zinthu zimene siziyenera kuthamangiridwa. Chakudya ndi fizi ya ana, chitetezo cha amene akuopsezedwa, pogona, masiku oti kholo lione ana ake, ndi kuletsa kuti katundu asagulitsidwe, zimenezi n'zoti munthu azikakamize ndi mphamvu zake zonse kuyambira tsiku loyamba, ndipo malamulo anasiya khomo lake. Khoti likhoza kulamula zongoyembekezera mlandu waukulu usanathe. Nkhani ya ndalama zosamalira ana ikhoza kupita payokha ku khoti la ana pansi pa lamulo losamalira ndi kuteteza ana la 2010, osadikira kuti za nyumba zithe. Chiletso choti puloti kapena galimoto isagulitsidwe chikhoza kupemphedwa pachiyambi pomwe. Anthu ambiri sapempha zimenezi chifukwa palibe anawauza kuti zilipo, ndiye amangolimbana ndi tsiku la chigamulo chomaliza. Chonsecho zongoyembekezerazi zikaperekedwa, phindu la kuzengereza limachepa. Bambo amene akulipira kale mwezi ndi mwezi, ndipo sangagulitse nyumba, sakhalanso ndi chifukwa chachikulu chodwalitsa loya wake. Mayi amene ana ake akudya sasainanso pepala loyamba limene lamubwerera. Akatero onse awiri amatha kupatsa khoti nthawi yoyenera pa zotsalazo, zomwe ndi kugawa katundu ndi kukhazikitsa kumene ana adzakulire.

Nanga kukumbutsa khoti, kodi kumakwiyitsadi woweruza? Mantha amenewa ndi ofala ndipo sindiwanyoza, pakuti oweruza ndi anthu. Koma pali kusiyana pakati pa kutukwana kalaliki pa windo ndi kulemba kalata yaulemu yonena nambala ya mlandu, tsiku limene unayamba, masiku amene unasunthidwa, ndi chimene chikuonongeka podikira, kope lake n'kupatsa mbali inayo. Kalata yotere imalowa m'fayilo ndipo imayankhula ngakhale mwini wake ali kumunda. Ikapanda kuyankhidwa, pali akuluakulu oyang'anira: majisitireti wamkulu wa chigawo, kapena mlembi wamkulu wa khoti lalikulu. Malamulo oyendetsera milandu m'khoti lalikulu a 2017 amayembekezera kuti chigamulo chituluke pasanathe masiku 90 kumva mlandu kutatha, ndiye amene wadikira chaka akamafunsa sakupempha chifundo. M'khoti momwe, mbali inayo ikapemphanso tsiku lina, munthu ali ndi ufulu woimirira n'kunena kuti bwana, aka n'kachinayi, ndikupempha kuti kakhale komaliza. Ambiri sadziwa kuti akhoza kutero, amangogwedeza mutu.

Tivomerezenso kuti gawo lina la kuchedwa limachokera kwa odandaula eni ake. Samani sinaperekedwe chifukwa palibe anaonetsa wa khoti kumene wodandaulidwa akukhala tsopano. Mboni inauzidwa dzulo lake. Kalata ya ukwati, makadi a kusikelo a ana, malisiti a fizi, zonse zatsala kunyumba. Zinthu khumi zikukanganiridwa pamene zisanu ndi zitatu onse awiri akugwirizana kale. Apa ndi pamene kukambirana kumathandiza popanda kugonja: zimene mwagwirizana zilembedwe, zipite pamaso pa woweruza kuti azisandutse lamulo la khoti, ndipo mboni ziitanidwe pa ziwiri zotsalazo basi. Mgwirizano wa pakamwa pansi pa mtengo umatha tsiku limene mmodzi wakwatiranso. Amene alibe ndalama ya loya asalowe yekha m'zimenezi ngati angathe kupeza thandizo. Bungwe la boma la Legal Aid Bureau linakhazikitsidwira anthu otere, ngakhale nalo lili ndi mzere wake, ndipo mabungwe ngati WOLREC, Women Lawyers Association ndi PASI akhala akuthandiza anthu kumvetsa mapepala asanasaine.

Koma sindifuna kuti mtolo wonse tiusenzetse munthu amene ali pa benchi. Zambiri zimene zingachepetse ululu wake zili m'manja mwa makhoti ndi boma, ndipo zina sizifuna ndalama zambiri. Tsiku limodzi pa sabata loikidwira milandu ya mabanja yokha, kuti isamakankhidwe ndi ya apolisi. Uthenga wa pa foni wouza anthu kuti bwana sakhalapo mawa, asanakwere kabaza. Kufunsa pa tsiku loyamba lenileni kuti kodi ana akudya chiyani pamene tikudikira, ngakhale wodandaula sanadziwe kupempha. Kulipiritsa ndalama ya ulendo kwa amene wajomba popanda chifukwa. Zina zimafunadi bajeti: amajisitireti ochuluka, makhoti oyendera madera akutali, ndi njinga zamoto za ogwira ntchito yoona za chisamaliro cha ana.

Ndipo pali gawo limene onse awiri, ofulumira ndi odekha, amaliiwala. Chigamulo chikatuluka, pepala lokha silipereka ndalama. Bambo amene walamulidwa kulipira akhoza kulipira miyezi iwiri n'kusiya, kusintha nambala ya foni, kusamukira ku boma lina. Mayi amene walamulidwa kulola ana kukacheza kwa bambo awo akhoza kupeza chifukwa chatsopano Loweruka lililonse. Pamenepo munthu amabwereranso pa benchi yomwe ija kukapempha kuti khoti likakamize lamulo lake. Nchifukwa chake pa tsiku la chigamulo, ngakhale mtima ukufuna kungotuluka, ndi bwino kukhala kaye mphindi zochepa n'kupempha kuti zilembedwe momveka: ndalama zingati, pa tsiku liti la mwezi, kudzera njira iti imene imasiya umboni, fizi ilipiridwe kwa ndani, ana atengedwe kuti ndi nthawi yanji, ndiponso kuti mitengo ya zinthu ikakwera mbali iliyonse ikhoza kubwera kudzapempha kuti ndalamazo zionedwenso.